Mutu 5: Chipewa pa Mapazi a Bambo

1. Pansi pa mtengo wa mabulosi

Tsiku lomaliza limene Baryalai adaona mkulu wake Zmarak ali moyo, dzuwa linkaswa mtengo. Adamupeza ku ziyarati, kumanda a shehe wina wakale, kumene anthu amatulako abale awo ozungulira mutu.

Zmarak adakhala padothi pansi pa mtengo wa mabulosi. Mwendo wake wakumanzere udali mu unyolo, ndipo unyolowo adauzunguliza pathunthu la mtengo n'kuutseka ndi loko. Milomo yake idang'ambika ngati munda wosathirira.

"Eee, Pulofesa wafika!" adakuwa Zmarak. "Bwanji, ku yunivesite akuthamangitsa? Kapena nawenso akubweretsa kuti tizicheza awiri?"

"Ndabwera kudzakuonani, Lala," adayankha Baryalai, pomutchula monga mng'ono aliyense amatchulira mkulu wake.

"Nanga chivwende chili kuti? Ndakuona ukutsika nacho m'basi."

"Achilanda pachipata."

Woyang'anira ziyarati adali atamuuza lamulo la pamalopo. Wodwala amadya buledi wouma, tsabola wakuda ndi madzi basi, mpaka masiku makumi anayi akwane. Sasamba, sameta, sawenga zikhadabo. Jini likalawa chotsekemera silichoka m'thupi.

"Ndiye kuti jini la mdalayo lidya bwino lero," adatero Zmarak. Adaseka, kuseka kuja n'kusanduka chifuwa.

Munthu ameneyu ndiye adaphunzitsa Baryalai kusambira m'ngalande ndi kuba malalanje osagwidwa. Chaka chimenecho adayamba kusagona, kenaka adaswa wailesi ndi mpini wa fosholo, akuti imanena za iye. Tsopano adali pano, ntchentche zikumutera m'maso.

"Tandikanda pamsana, Bary. Pakati pa mapewa apa. Dzanja silikufika."

Baryalai adagwada n'kulowetsa dzanja m'malaya a mkulu wake. Adakhudza mafupa okhaokha, ndipo khungu lidali lotentha ngati chiwaya.

"Lala, thupi lanu likutentha."

"Ndi majiniwo, akulongedza katundu. Atopa ndi tsabola." Zmarak adatsitsa mawu. "Ndikunama, Bary. Mawu aja ndimamva m'mutumu sanasiye. Koma kunyumba ukanene kuti ndikunenepa. Wamva? Kanda m'munsi pang'ono. Eya, pomwepo."

Baryalai adabwerera ku Jalalabad kukalemba mayeso. Sabata isanathe foni idalira. Zmarak adatsegula m'mimba, thupi lidauma, ndipo adamwalira unyolo uli kumwendo. Woyang'anira uja adati shehe wamukonda, wamutenga.

2. Nyumba ya anthu osayankhulana

Baryalai sadabwererenso ku yunivesite. Mabuku ake a zaulimi adawaika m'thumba la ufa n'kuliponya pamwamba pa kabati. Anzake adamuimbira kangapo, kenaka adatopa.

Banja lawo linkakhala mumpanda wa Kaka Daulat, mkulu wawo wa bambo ake. Kakayo ndiye adali mwini zonse: mpanda, chitsime, ngakhalenso rikisho, njinga yamoto ya matayala atatu imene adapatsa Baryalai kuti azinyamulira anthu opita mumzinda. Pasiteji anzake ankamuseka kuti wophunzira wamkulu uja tsopano akuphunzira maenje a mumsewu.

Chichokereni kumaliro, Baryalai sadayankhulepo ndi bambo ake, a Sher Alam. Adali iwowo amene adatseka loko uja ndi dzanja lawo. Akafuna kuwauza kanthu ankadzera kwa amayi ake, ngakhale atatu onsewo atakhala pamkeka umodzi.

"Amayi, auzeni kuti tiyi akuzizira."

"Si awa ali pomwepa? Auze wekha."

"Amva."

Ntchito ya a Sher Alam idali yofinya nzimbe ndi kuphika madzi ake m'chiwaya chachikulu mpaka atalimba n'kukhala mibulu ya shuga wofiirira. Nyengo yozizira ikafika, mudzi wonse unkadziwa ndi fungo kuti a Sher Alam asonkha moto. Chaka chimenecho nzimbe zidakhwima, moto osasonkhedwa. M'chiwaya muja nkhuku idayamba kuikiramo mazira.

Poyamba anthu ankati ndi chisoni, chidzatha. Koma miyezi idapita, ndipo m'malo mopepuka, a Sher Alam adankira kumira. Adasiya kupita kumzikiti. Adasiya kudya, akuti m'mimba mwawo mwaola kale, chakudya chingoonongeka. Ankakhala tsiku lonse atayang'ana khoma, pamiyendo pali unyolo wa Zmarak umene adabwera nawo kuchokera ku ziyarati. Mwana wa oyandikana nawo atadwala chikuku, adati ndi chifukwa cha iwo.

Baryalai ankaona zonsezi. Ankatuluka m'mawa ndi rikisho, kubwera madzulo, kudya, kugona.

Tsiku lina m'mawa, amuna awiri opita kumunda adaona munthu m'ngalande yaikulu. Adali a Sher Alam, atavala zovala zonse ndi nduwira yomwe, akulowera kwakuya m'madzi ozizira ngati matalala. Adawavuula n'kubwera nawo atawanyamula.

"Ndimafuna kusamba," adatero a Sher Alam, mano akugundana.

Palibe adawakhulupirira.

3. Mawu a Kaka Daulat

Masana a tsiku lomwelo Kaka Daulat adaitanitsa Baryalai m'chipinda cha alendo. A Sher Alam adakhala pakona atafunda bulangete, maso ali pansi.

"Mawa m'mawa uthire mafuta okwanira," adatero Kaka. "Tikuwapititsa bambo ako ku ziyarati. Jini limene lidagwira Zmarak silidapite kutali. Langosintha nyumba."

"Kaka, kunja kukuzizira chonchi? Pansi pa mtengo?"

"Shehe adzawafunditsa."

"Monga adamwetsera Lala madzi?"

Kaka adaika kapu ya tiyi pansi pang'onopang'ono. Baryalai adadziwa kuti walumpha malire, koma adapitiriza.

"Mumzinda muli chipatala cha matenda a maganizo. Mwezi uliwonse ndimanyamula telala wina, dzina lake Momin, kupita kumeneko kukabayitsa jakisoni. Naye adamangidwapo kwa shehe, adandionetsa chipsera pakakolo. Lero ali ndi shopu, ali ndi ana. Malaya ndavalawa adasoka ndi iyeyo."

"Nzeru za ku yunivesite zatha, watsala ndi za telala," adatero Kaka. "Khala pansi, mwana wa mng'ono wanga, utchere khutu. Iwe chipatala ukuchimva kwa anthu okwera rikisho. Ine ndidachiona ndi maso angawa.

"Tidali ndi bambo athu aang'ono, a Gul Rahman, munthu amene popanda iye ukwati sunkakoma chifukwa cha kuimba kwake. Nthawi imene dziko lino linkalamulidwa ndi mfumu adayamba kuyankhula okha. Mphunzitsi wina, wophunzira ngati iweyo, adanyengerera bambo athu kuti awapititse kunyumba ya boma ya amisala kulikulu. Ine ndidali mnyamata, ndidaperekeza agogo athu aakazi kukawaona. Tidawapeza atawameta mpala, ali kuseri kwa zitsulo pamodzi ndi anthu ena, atapanikizana ngati nkhosa za pamsika. M'mutu adali atawadutsitsa magetsi. Mayi wawo wowabereka adawaitana dzina katatu, iwo kumangoyang'ana, dovu likutsika pachibwano. Nkhondo itabwera alonda adathawa. Mpaka lero palibe akudziwa kumene kuli mafupa awo. Zmarak wathu ali ndi manda, ndipo wagona pafupi ndi munthu woyera. A Gul Rahman ali kuti? Ndiuze, Pulofesa."

Baryalai adati ayankhe, koma Kaka adakweza dzanja.

"Sindidathe," adapitiriza Kaka. "Munthu akapita kwa shehe, anthu amati ndi jini. Jini limagwera aliyense, ngakhale mwalimu wa mumzikiti. Palibe manyazi. Koma ukangomulowetsa pachipata cha chipatala chimenecho, anthu amati misala ili m'magazi. M'banja muno akhala atatu tsopano: a Gul Rahman, Zmarak, bambo ako. Ine ndili ndi ana aakazi awiri osakwatiwa. Adzawafunsira ndani? Iwe wemwe, ndani adzakupatse mwana wake? Ukuganiza kuti sindikumukonda mng'ono wanga? Ndidamubereka kumsana pothawa mabomba, iwe usanabadwe. Ndikumupititsa kumene makolo athu ankapititsa awo, kumene munthu akachira amabwera ndi ulemu wake, ndipo akafa amafera m'manja mwa Mulungu."

Pakona paja padamveka mawu. Adali a Sher Alam.

"Mundipititse. Mukandimange pamtengo womwewo."

Kaka adatambasula manja. "Wamva? Mwiniwake wanena."

Potuluka, Baryalai adapeza amayi ake ataima kuseri kwa chitseko, pamene akazi amamvera nkhani za amuna. Adanyamula bulangete lina lolemera, lija ankafunda Zmarak.

"Ukawafunditse ili," adatero amayi. "Chifuwa chawo sichilimba, umadziwa."

"Amayi, inu mukuti bwanji?"

"Ine ndinene chiyani mumpanda wa eni? Zmarak ndidamupatsa bulangete lomweli. Bulangete lidabwerako."

Adamusiyira m'manja n'kulowa kukhitchini.

4. Pamphambano

Adanyamuka nkhungu isanachoke m'minda ya nzimbe. Kumbuyo kwa rikisho kudakhala Kaka Daulat ndi mng'ono wawo. Kaka adanyamula tambala wokapereka kwa woyang'anira ziyarati. A Sher Alam adafumbata unyolo uja. Rikisho ikagwa m'dzenje, unyolowo unkalira, ndipo Baryalai ankaumva m'mano.

Patsogolo padali mphambano. Njira yakumanzere, yafumbi, imakwera kumapiri, ku ziyarati. Yakumanja, yatala, imatsika kumzinda. Pamphambanopo amuna ogulitsa malalanje adali atayala kale katundu wawo, akuotha moto wa zinyalala.

Baryalai adayimitsa rikisho pakati penipeni n'kuzimitsa injini.

"Watani?" adafunsa Kaka. "Usandiuze kuti mafuta atha. Ndidakuuza dzulo."

Baryalai adatsika. Akadafuna, akadangokhotera kumanja ndi liwiro, chifukwa akulu awiriwo sakadalumpha rikisho ikuthamanga. Koma Zmarak adapita ku ziyarati atamunamiza kuti akupita kukagula nsapato. Baryalai sadafune kunyamula bambo ake ngati thumba la nzimbe.

Adazungulira kumbali imene kudakhala a Sher Alam. Adavula chipewa chake, nagwada pamsewu, n'kuchiika pa mapazi a bambo akewo.

Ogulitsa malalanje adaleka kucheza.

Kudera limenelo mwamuna savula chipewa pamaso pa akulu. Akachivula n'kuchiika pa mapazi a munthu, ndiye kuti waika pansi ulemu wake wonse kuti apemphe chinthu chimodzi. Wopemphedwayo akachitola n'kumuveka mwiniwake, wavomera, ndipo mawuwo sabwezedwa. Akachikankha ndi phazi, awiriwo sadzadyeranso m'mbale imodzi.

"Iwe! Tola chipewacho!" adakalipa Kaka monong'ona. "Anthu akuona. Ukufuna kutivula pamsewu?"

Baryalai sadawayang'ane. Adayang'ana bambo ake, ndipo kwa nthawi yoyamba chichokereni kumaliro adawayankhula popanda wodzera.

"Bambo."

A Sher Alam adadzidzimuka ngati munthu wodzutsidwa kutulo.

"Bambo, ine ndidakukwiyirani. Sindinama, mpaka pano ndikadali wokwiya. Ndikakuonani ndimaona loko uja. Koma ine ndidakumba nawo manda a Lala, ndipo manja angawa sakufuna kukumbanso ena pambali pake. Inu simukupita kwa shehe kuti mukachire. Ndakumvani dzulo. Mukupita kuti mukafere pamtengo uja."

"Ndi zondiyenera," adatero a Sher Alam.

"Nanga amayi zowayenera ndi ziti? Ine zondiyenera ndi ziti? Mukafa, Lala sadzuka. Tingokhala ndi manda awiri oti tizikawathirira madzi pa Idi."

"Sher Alam, usamvere mwana," adatero Kaka. "Shehe akutidikira."

"Sindikuti musiye kupemphera, bambo. Mkeka wanu wa swala ndautenga, uli pansi pa mpando. Ndikupempha chinthu chimodzi chokha. Tiyeni tikhotere kumanja, adokotala akakuoneni. Ndikakhala nanu komweko. Ndikaona akukumetani mpala kapena kukutsekerani m'zitsulo ngati a Gul Rahman, ndikakutulutsani ndekha, ngakhale kukuberekani kumsana."

Lole ya njerwa idafika kumbuyo n'kuyamba kuliza hutala. Mmodzi wa ogulitsa malalanje adadzuka, n'kukodola dalaivala kuti alambalale mwakachetechete. Lole idadutsa m'mbali.

A Sher Alam adayang'ana chipewa chija nthawi yaitali. Chidali chakale, chothimbirira ndi thukuta la pamsewu. Adayang'ananso mutu wa mwana wawo, tsitsi losapesa likunyowa ndi nkhungu.

Adaika unyolo pampando. Adawerama movutikira n'kutola chipewacho. Adachikutumula fumbi pabondo. Kenaka adachiveka pamutu pa Baryalai, mopendekeka.

"Mutu wako uzizidwa," adatero.

"Munthu wodwala savomera kanthu!" adakuwa Kaka. "Sher Alam, sukudziwa chimene wachita!"

"Ndachitola kale, Lala," adayankha a Sher Alam motsitsa.

Kaka adayang'ana ogulitsa malalanje aja. Onse adaona, ndipo dzuwa lisanalowe midzi itatu ikhala itamva. Ngakhale mkulu wa banja sangabweze chipewa chotoledwa.

Adatsika m'rikisho, tambala ali kukhwapa.

"Pita nawo," adauza Baryalai. "Koma rikisho yanga ndiione pachipata changa swala ya madzulo isanakwane. Ndipo usaganize kuti nkhaniyi yathera pamsewu pano."

Adatembenuka n'kuyamba ulendo wapansi wobwerera kumudzi, osacheuka.

5. Kabati ya adokotala

Chipatala chidali kuseri kwa msika wa matayala. Pabwalo padadzaza anthu, ena atakhala pansi, ena atagona pamabenchi. Mwamuna wina ankaimba mokweza, mng'ono wake atamugwira dzanja. Baryalai adayang'ana mazenera, n'kuona kuti ali ndi zitsulo. Adatsala pang'ono kuwatenga bambo ake n'kubwerera.

Adadikira mpaka dzuwa lidafika pamutu. Ataitanidwa, adapeza dokotala wa imvi, wooneka wotopa, dzina lake Paiman. Adokotalawo adayamba ndi kuwathirira tiyi a Sher Alam, kenaka adawafunsa mafunso mosathamanga: amagona bwanji, adasiya liti kudya, amamva chiyani, m'ngalande muja ankafunamo chiyani. A Sher Alam adayankha pang'onopang'ono. Zina adayankha Baryalai.

"Nanga zitsulo zili m'mazenerazo?" adafunsa Baryalai pamapeto pake. Adafotokoza za a Gul Rahman monga adamvera kwa Kaka.

"Kaka wako sadakunamize," adatero adokotala. "Nyumba zotero zidaliko, ndipo ine ndidayambira ntchito mu imodzi mwa izo. Tinkasunga anthu, sitinkawachiza. Mabanja akamatiopa lero, ali ndi chifukwa. Pano sindikulonjeza munda wa maluwa. Mabedi ndi ochepa, mankhwala nthawi zina amatha, ndipo zitsulo zija zilipo kuti munthu asadzipweteke pa tsiku loipa. Koma pano sitimanga munthu, sitimumana chakudya, ndipo mbale wake amagona pambali pake n'kumaona zonse zimene tikuchita."

Adatembenukira kwa a Sher Alam.

"Akulu, mverani. Chimene chakugwirani ndi matenda, monga shuga kapena chifuwa chachikulu. Chisoni chikakula kupyola mphamvu za munthu, chimatha kudwalitsa maganizo. Munthu amasiya kudya, amadziona ngati ndiye gwero la tsoka lililonse, amafuna kufa. Maganizo amenewo amamveka ngati choonadi, koma ndi matendawo akuyankhula. M'mimba mwanu simudaole. Tikupatsani mankhwala, ndipo tizicheza tsiku ndi tsiku. Musayembekezere kudzuka mawa muli bwino. Zimatenga masabata, ndipo masiku oyamba ndi ovuta. Swala musasiye. Mwalimu wa mumzikiti amabwera muno Lachinayi lililonse, ndipo iye ndi ine sitidakanganepo. Iye amagwira ntchito yake, ine yanga."

A Sher Alam adakweza unyolo umene adalowa nawo.

"Mwana wanga wamkulu ankamva mawu," adatero. "Ndidamumanga ndi uwu. Ndikadabwera naye kuno, akadachira?"

Baryalai adayang'ana adokotala.

"Sindidamuone, ndiye sindinganene," adayankha adokotala. "Ambiri a matenda amenewo amapeza bwino ndi mankhwala. Ena amavutika zaka. Chimene ndikudziwa n'chakuti kutsegula m'mimba tikadakuchiza. Sindikubisirani zimenezo. Koma inu mudamupititsa kumene bambo anu adakuphunzitsani kuti kuli chithandizo. Simudamutaye kuthengo. Mudalakwitsa njira muli kumufunira moyo."

A Sher Alam adaphimba nkhope ndi nsonga ya nduwira. Mapewa adagwedezeka. Pamaliro sadalire, ndipo Baryalai adali asanawaonepo akulira. Adasuntha mpando, n'kuika dzanja pamsana pawo. Nawonso adali mafupa okhaokha.

"Unyolowo sungalowe m'chipinda cha odwala," adatero adokotala patapita kanthawi. "Ndikusungirani. Tsiku lotuluka mukadzaufuna, ndidzakupatsani."

Adatsegula kabati yachitsulo imene idali kumbuyo kwawo. M'munsi mwake mudali mulu wa maunyolo, aatali ndi aafupi, ena adzimbiri, ena atsopano.

"Alipo adabwererapo kudzatenga wake?" adafunsa Baryalai.

"Mmodzi. Adati akamangira ng'ombe."

Potuluka, adokotala adamukokera Baryalai pambali.

"Tamvera, mnyamata. Masabata awiri oyambawa bambo akowa asakhale okha, ngakhale popita kuchimbudzi. Anamwino ndili nawo awiri, odwala makumi atatu. Maso awo ndi iweyo. Munthu wotere amaopsa kwambiri pamene wayamba kupeza timphamvu, maganizo oipa asanachoke. Usadzanamizidwe ndi kumwetulira koyamba. Ukachoka pano, uzisiya munthu wina wa banja pampando wako. Alipo?"

Baryalai adaganiza za Kaka akuyenda wapansi ndi tambala kukhwapa.

"Ndilipo ine," adatero.

6. Foni ya amayi

Adawapatsa bedi pafupi ndi zenera. Baryalai adawafunditsa bambo ake bulangete lija n'kuyala mkeka wa swala pansi. Rikisho adapempha mnzake wa pasiteji kuti akaitule kwa Kaka. Kuyambira mawa lake adalibe ntchito.

Dzuwa litapendeka, foni yake idalira. Adali amayi, akuyankhula monong'ona, ndipo kumbuyo kunkamveka phokoso la mbale.

"Ali bwanji?"

"Agona. Awapatsa mankhwala."

"Awamanga?"

"Ayi, amayi. Miyendo yonse ili m'bulangete."

"Adya?"

"Amwa tiyi theka la kapu, ndi kachidutswa ka buledi. Adafunsa ngati nkhuku ija ikadaikirabe m'chiwaya."

Baryalai adamva amayi ake akupuma movutikira, kenaka akumina.

"Tamvera, mwana wanga. Kaka wako wafika fumbi lili m'mawondo, ndipo sadadye. Wapita kwa akulu a mudzi. Akuti wamuchititsa manyazi pamsewu, ndipo waika dzina la misala pa ana ake aakazi. Akufuna akulu aweruze ngati ife tikhalebe mumpanda muno."

"Akutulutseni inu? M'nyengo yozizira ino?"

"Akuti ubwere wekha udzayankhe. Ukapanda kubwera, adzaweruza iwe kulibe. Ine sindingalowe m'bwalo la amuna, umadziwa."

Baryalai adayang'ana bambo ake. Adagona chammbali, dzanja limodzi litatuluka m'bulangete, litagwira mpendero wa malaya a mwana wawo.

"Adokotala akuti ndisawasiye okha, amayi. Ngakhale ola limodzi."

"Ndamva. Koma tsiku aika kale."

"Liti?"

"Lachisanu likubwerali, pa 6 Januwale 2017."